Tsiku limene khoma linagwera a malume

Inu, tamverani, musandiseke ndisanamalize. Mkazi wanga Peggy ananyanyala n'kupita kwawo ku Ntcheu, akuti watopa ndi pabalaza pakuda bii ndi utsi wa mbaula. Kenako uthenga unabwera woti malume ake, a Gilford, adzaona okha nyumba yathu ku Chinsapo, ndipo ikakhala chimodzimodzi, Peggy sabwerera. Mtima unandiwawa, abale. Mkazi uja ndimamukonda.

Penti? Ayi, ine ndine munthu wa fashoni. Ndinakagula mapepala omata pakhoma aja, ojambulidwa njerwa zofiira ngati za m'malo odyera mabwana.

"Mungosenda kumbuyoku n'kumata, bwana," anatero wogulitsa. "Koma muyambe mwapukuta khomalo."

Kupukuta, nthawi yake iti? Ndinangomata pamwamba pa laimu wofumbuka uja. Pepala lina linandimata m'manja, lina kundizula tsitsi, lina kutupa matuza, ine kumaboola ndi singano ngati ndikuchotsa matekenya. Koma nditamaliza, eee, ndinadzigomera ndekha!

Loweruka a Gilford anatulukira, Peggy ali pambuyo, nkhope ili ndwii. Malumewo anakhala pampando wotsamira khoma, n'kuvala magalasi, kuyang'ana uku ndi uku.

"Akamwini, pulasitala uja mwapita naye kuti?"

"Ndi sitayilo imeneyi, malume."

"Sitayilo? Mwana wathu anasiya nyumba ya pulasitala, lero abwerere m'njerwa zosapaka? Peggy, nyamula chikwama."

Ine thukuta kamukamu. Ndiye unali Okutobala, inu, malata akuchita kulira ndi dzuwa. Ndinangomva kuti tsweee chakumwamba. Pepala layamba kumatuka, likuwerama pang'onopang'ono, njerwa zonse zalunjika pa dazi la malume!

"Mayo ine! Khoma likugwa! Ndafa!"

Anadziponya pansi, pepala n'kuwafunditsa thupi lonse, iwo kumaphiriphitha m'kati akuitana mayina a ana awo. Peggy anaseka mpaka kukhala pansi, misozi ili mbwembwembwe. Nditawamatula, ndevu zina zinatsalira pa njerwa.

Atatembenuka anapeza khoma lili mbee. Guluu wa pepala lija anali atanyamula mwaye wonse. Anagogoda khomalo ndi chala, kuika khutu, kugogodanso.

"Pulasitala alipo," anatero akupuma wefuwefu. "Peggy, tsala. Koma akamwini, ulendo wina mukamamanga, njerwa muziika m'kati."