Dambo la Kalingalinga Alisesa

Lolemba
Kamera ili m'manja mwanga! Mzungu wa ku holo kumene ndimaonetsa baisikopo wandibwereka mpaka Lamulungu, tsiku limene akukwera sitima kubwerera kwawo. Filimu ndi mpukutu umodzi basi, ukatha watha. Ndikufuna kujambula dambo la kuseri kwathu m'mamawa: nkhungu, tsekera akuwerama ndi mphepo, akakowa. Munthu ayi, ngakhale mwendo wake.

Lachiwiri
Ndauza mkazi wanga yekha. Pofika masana pachitsime ponse adziwa. BaTembo, mkulu wa mpingo, abwera kudzafunsa ngati filimuyi idzaonedwa ndi anthu a kunja. Ndavomera, monyada ndithu. Pakamwa pangapa!

Lachitatu
Nkhungu yabwino zedi. Ndikupukusa kamera, ndipo m'nkhungumo mukutuluka majekete, mataye, madiresi a ku tchalitchi, khanda lopakidwa mafuta mpaka kunyezimira. Anthu a kwathu aima ndandanda, chilili, osaphethira, monga kwa wojambula zithunzi m'tauni. Ndawapempha kuti asunthe. Asunthira pafupi. Filimu yambiri yapita.

Lachinayi
Ndalawira mwakabisira, nsapato m'manja. Ndapeza zikwakwa zili pantchito! Tsekera yense ali pansi. BaTembo akupukuta thukuta, okondwa: "Simungaonetse vimaudzu ku bantu ba kunja, bazakamba ati tinkhala mu sanga monga vinyama." Ndayesa kufotokoza kuti udzuwo ndiye filimu yake. Andisisita paphewa, akuti ndisachite manyazi, ndi ntchito ya tonse.

Lachisanu
Lero kwabwera matsache. Dambo alisesa. Miyala aipaka laimu n'kuindanditsa ngati kukubwera bwana DC. Akakowa awapirikitsa, akuti amadetsa malo. Mkazi wanga ndiye watsogolera nyimbo. Ndikuopa kwambiri. Chotsala ndi kachigawo ka tsekera kumapeto, kumene matope anawabweza. Mawa, Ambuye, kokhako.

Loweruka
Udzu wodula uja sangausiye uli mbwee, autentha. Mphepo yatembenuka, moto walumpha matope, kachigawo kanga kapsa ndikuona. Ndajambula utsi, misozi ili chuchuchu, sindikudziwa ngati ndi ya utsi kapena yanga. Kenako kamera yayamba kulira mopepuka. Filimu yatha.

Lamulungu
Ndabweza kamera pa siteshoni. Mzungu akufunsa zimene ndajambula. Ndati chilengedwe. Akuti filimuyo akaitsuka kwawo, akaonetsa anzake. Ndamutsazika msangamsanga.

Pobwerera ndadzera kudambo. Kuli bii, phulusa ndi miyala yoyera. Ndakhala pansi, mtima uli zii, sindikukwiyanso. BaTembo andipeza akuchokera ku mapemphero, ayang'ana ntchito yawo, koma nkhope siikukondwa. Akuloza mkuyu umene waima wokha pakati: "Mutikhululukire, nthawi inachepa. Mukabwereka futi kamera mutiuze msanga, tizajuba na chimtengo chija, tichigwetse pansi."