Mankhwala a Pankhondo

Lolemba

Ndayamba. Kachikwama kofiira ndakapeza pansi pa bedi, kaja mwana wathu Rudo ankanyamuliramo chakudya akali pasukulu. Ndakachapa, kali padzuwa.

Chifukwa chake ndilembe pano, kuti ndikadzayamba ulesi ndidzawerenge. Lolemba likubwerali akundiika pageti la kuseri kufakitale kwathu ku Msasa, geti la a Zuze. A Zuze ndi mlonda mnzanga, kwawo ku Tete, tagwira limodzi ntchito zaka zambiri. Sabata ziwiri zapitazo akuba mawaya anawatema ndi chikwanje pamkono, dzuwa likuswa mtengo. Magazi ngati paipi yophulika. Titatsegula bokosi la chithandizo la pakampani tinapezamo makiyi akale ndi supuni. Supuni! Munthu anatsala pang'ono kutisiya ife tikuyang'ana supuni.

Ine zimenezo ayi. Akanditema ndidzimanga ndekha.

Mndandanda wandilembera nesi wina wopuma pantchito wa kutchalitchi kwathu. Akuti ndi zomwe asilikali amayenda nazo m'chiuno:

bandeji ziwiri zazikulu
thonje ndi pulasitala
magolovesi
sizasi
sipiliti wotsukira sizasiyo
jivi, uja wapepo wopaka pachilonda
lamba wotambalala womanga kumtunda kwa bala magazi akakana kuleka (ukamanga, lemba nthawi)

Lamulo ndalengeza pakhomo ponse: kachikwama aka sikakhudzidwa. Mayi a Rudo angoti "tamva" osatembenuka n'komwe. Tichaona, loja wathu wochita lendi m'kachipinda ka kuseri, Mshona wogulitsa nsapato za kaunjika amene Chichewa amachitolera pawindo, wafunsa kuti muikamo chiyani mdala. Ndamuyankha mwachidule: "Mankhwala a pankhondo." Wandiyang'ana nthawi yaitali, kenako waomba m'manja kawiri n'kuchoka chafutambuyo. Kani ndi munthu waulemu, ndimangomunyoza.

Lachiwiri

Ndaweruka masana, ndakwera kombi, minibasi ya kuno, mpaka m'tauni. Masitolo a mankhwala ndalowa atatu, lamba womanga magazi palibe akumudziwa. Mtsikana wina wandimvetsera mwachidwi mpaka ndamaliza, n'kundilozera kutsidya kwa msewu kogulitsa malamba a mathalauza. Ndatuluka osatsanzika.

Ndadula ndekha pa chubu chakale cha galimoto, mulifupi ngati chikhatho. Ndayesa pamwendo wa tebulo, akugwira. Zina zonse zapezeka. Ndaziyala pabedi, ndaziika m'kachikwama, ndazitulutsanso kuti ndizione bwino. Sindibisa, ndasangalala.

Chisangalalo chake chosafika ndi ola lomwe. Magetsi athima monga mwa masiku onse, makala ndi onyowa, ine ndili kubafa. Potuluka ndikumva fungo la kuchipatala likuchokera kukhitchini, mbaula ili lawilawi. M'botolo la sipiliti mwatsala tothimitsira fodya.

"Mumafuna mugone ndi njala mutakumbatira botolo lanulo?" Ndilo yankho la mayi a Rudo. Zaka zonsezi za ukwati, lamulo langa lakhala tsiku limodzi basi.

Lachitatu

Ku Warren Park kukazonda a Zuze. Kachikwama ndatenga kuti aone mmene munthu wanzeru amakonzekera. Ndatsegula pamaso pawo mwamatama. Sizasi mulibe. Magolovesi mulibe.

A Zuze aseka mpaka agwira pabala. Akuti: "Achimwene, ife pothawa nkhondo ku Tete tinalibe zikwama. Mayi anga anamanga mwendo wa malume ndi nsalu yawo, n'kupotokola ndi kamtengo. Malumewo anafika kuno akuyenda okha." Ndawauza kuti dziko linapita patsogolo, masiku ano sitimanga anthu ngati mtolo wa nkhuni.  Amayesa kunyamula kapu ya tiyi ndi dzanja lotemedwalo, zala zitatu sizikupinda. Ndayang'ana kumbali. Ndikuopa, ndipo pano pokha ndi pomwe ndinganene.

Kunyumba ndafufuza ngati wapolisi:

sizasi, mayi a Rudo akudulira zipsepse za nsomba, akuti ndi yakuthwa bwino
magolovesi, abwereketsa kwa Mai Moyo a nyumba yoyandikana nayo, akudaya tsitsi
thonje, lili m'makutu mwa amuna a Mai Moyo

Ndakalipa mpaka mawu asasa. Nsombayo ndadya, koma mokwiya.

Chinthu chimodzi chokha chabwino lero. Kuyambira pokwerera makombi mpaka pakhomo, anthu akundipatsa moni wachilendo. "Maswera sei, Sekuru." Wina wavula chipewa, wina wandipatukira njira mpaka waponda m'ngalande. Zaka zonse ndakhala mu Mufakose muno ndine "Achimwene" basi, dzina lomwe amaitanira aliyense wa magazi a ku Malawi. Sekuru m'Chishona ndi agogo, mwina ayamba kuona imvi.

Lachinayi

Si imvi.

M'mawa ndikutuluka ndi yunifolomu, pageti pali anthu. Woitanira makombi wina, uja amandiponda phazi tsiku lililonse, wagwada pafumbi. "Sekuru, ndipeiwo mangoromera." Mangolomera! Mankhwala otemera m'manja kuti nkhonya izilemera. Kumbuyo kwake mayi wina akufuna mwamuna wake abwerere kuchokera ku Joni. Wina wabwera ndi nkhuku yakuda m'khwapa.

Ndangoti kakasi. Kenako mutu wagwira: kuno sing'anga amamutchanso Sekuru. Tichaona! Mawu a Chichewa amene amawadziwa bwino ndi awiri. "Mankhwala," amene ife timatchulira piritsi la mutu ndi nyanga yomwe. Ndi "nkhondo," imene kwawo amati hondo. Wasoka mawu awiriwo n'kuyenda nawo mzere wonse wa nyumba, ndipo pano nkhani ili m'kamwam'kamwa: Achimwene atulutsa za kwawo.

Za kwathu kuti? Ine ndinabadwira m'chipatala cha konkuno. Bambo anga anachoka ku Ntcheu ndi sutikesi ndi buku la nyimbo, anafera muno akuyimba kwaya. Ine ndine mkulu wa mpingo, Lamulungu ndimanyamula mbale ya mgonero ndi manja awiriwa. Koma kwa anansi athuwa, Mmalawi akangoti "mankhwala" ndiye kuti ali ndi fisi kuseri kwa nyumba. Zimandiwawa, ndipo lero zandiwawa koposa.

Ndati ndiwaonetse okha. Ndakweza kachikwama, ndagwira zipi, ndikuti taonani, ndi bandeji chabe. Onse balala! Wa nkhuku wadumpha ngalande ataphimba kumaso, nkhuku yatsala pakhomo panga. Basi ya kuntchito yandisiya.

Madzulo lamba wanga wa chubu, amene nayenso anasowa, ndamupeza. M'mipopi mulibe madzi sabata yachiwiri tsopano, ndiye wamangira zigubu pawilibala yopita kumjigo. Mayi a Rudo akuti: "Akugwira bwino zedi, mudulenso wina." 

Lachisanu

Jivi wasowa. Bandeji zonse ziwiri zasowa.

Wakuba sanavute kupeza. Tichaona akutsuka mano panja, manja ali pepo mpaka m'zigongono, pachifuwa wajambulapo mtanda, ngakhale kunsonga kwa mphuno kuli kadontho. Ndamufunsa ngati waona botolo langa. "Botolo lipi, Sekuru?"

Nkhani yake ndi iyi. Kumjigo kuli chimunthu china amachitcha Bhuru, chimene chimalowerera mzere, kukankha azimayi, kutaya zigubu za anthu. Mwezi watha chinamumenya Tichaona mbama pamaso pa mtsikana amene iye amamufuna. Ndiye wadzipaka jivi wanga, bandeji wasungira kukulunga nkhonya, akuti mawa akukabweza.

Ndamukhazika pansi. Ndalankhula Chichewa, ndalankhula Chishona, ndalankhula Chizungu. Ndamuwerengera zolembedwa pabotolo. Ndati uyu ndi mankhwala a zilonda, amapaka ana a chipere, Bhuru akakupondaponda. Wamwetulira mwaulemu n'kuomba m'manja. "Ndikudziwa, Sekuru. Simuloledwa kuulula."

Ndikanakhala nawo mangolomerawo, woyamba kuwalawa akanakhala iyeyu.

Uthenga wabwera pafoni kuchokera kwa akulu anzanga a mpingo. Akufuna "kucheza nane pang'ono" Lamulungu tikatuluka m'mapemphero. Kucheza kwake ndikukudziwa, ndakhala ndikuchezetsa ena.

Zotsala m'kachikwama: pulasitala mmodzi, pepala la mndandanda, fungo la sipiliti. Kwatsala masiku awiri kuti ndikaime pageti la a Zuze.

Loweruka



Masana, ndikudula chubu china, kwamveka phokoso kumjigo. Mai Moyo akubwera akuthamanga, tsitsi lakuda bii, akukuwa kuti Sekuru, munthu wanu akufa. Munthu wanga! Ndatola kachikwama mwachizolowezi n'kuthamanga, mayi a Rudo pambuyo panga, mthiko uli m'manja poti amatakasa nyemba.

Tichaona ali pansi pakati pa zigubu. Nkhonya yake yoyamba inaphonya, Bhuru anaswa botolo n'kumucheka mkono pansi pa chigongono, n'kuthawa. Magazi akuchita kudumpha, ngati a Zuze tsiku lija. Bandeji zanga zili kunkhonya, zodzaza matope. Anthu azungulira, palibe akumugwira, onse akuyang'ana kachikwama kofiira.

Ndatsegula. Pulasitala mmodzi.

Ndinaima ngati chitsa, ndikuonanso supuni ija. Amene anayamba kuyenda ndi mayi a Rudo. Amasula chitenje cha pamwamba pa diresi, chija chatsopano cha kuukwati wa mphwawo, ang'amba pakati ndi mano. Chidutswa china ndapanikiza nacho pabala ndi mphamvu zanga zonse, chanyowa pompo, magazi osaleka. "Mangani kumtunda, bambo a Rudo, mwaiwala pepala lanu lomwe?" Ndazunguliza chinacho kumtunda kwa chigongono, ndamanga mfundo. Kamtengo palibe. Andipatsa mthiko, nyemba zikadali kumutu kwake. Ndalowetsa pamfundo, ndapotokola. Tichaona wakuwa, wanditukwana m'Chishona chakuya. Ndapotokolabe. Kachitatu magazi aleka.

Nthawi ndalemba ndi khala pachipumi pake, poti mkono wonse ndi wapepo, sipakanaoneka kanthu.

Kombi yotithamangitsira kuchipatala wabweretsa ndi woitanira uja wa mangolomera, watsitsa anthu onse pamsewu. Anesi amulandira, ayang'ana mthiko, ayang'ana pachipumi, mmodzi wafunsa kuti wamanga ndani. Ndati ine ndi akazi anga. Wati mwachita bwino, akanafika wopanda magazi. Amusoka, mkono upulumuka.

Pobwera ndimaganiza kuti tsopano anthu amvetsa. Aona ndi maso awo: nsalu, mthiko, chipatala. Ndikutsika kombi ndikumva Mai Moyo akufotokozera gulu: "Anangozunguza mthiko katatu, magazi n'kumvera. Ndipo pachipumi anamulemba manambala."

Ndalowa m'nyumba, ndatseka chitseko.

Lamulungu

Kutchalitchi ndapita. Akulu anzanga andiitanira m'kachipinda, ndawayalira zonse, pepala la nesi, botolo la sipiliti lopanda kanthu. Nesi mwini wake wandiikira umboni. Andikhululukira mlandu umene sindinapalamule. Potuluka, mmodzi wa iwo wandikokera pambali n'kunong'ona kuti bondo lake limavuta nyengo yozizira, ngati ndingathe kuliona mwakachetechete.

Ndatopa. Sabata yonse ndakhala ndikukuwa kuti ndi bandeji chabe, ndipo akunja akuopa pomwe am'nyumba akutenga. Tichaona yekha ndi amene anakhulupirira n'kubabe, ndipo taonani komwe wagona.

Ndiye masana ano ndachita chinthu chimene bambo anga akanalira nacho. Nkhuku yakuda ija idakali pakhomo, mwini wake akuopa kudzaitenga. Ndaizula nthenga imodzi, ndaimangirira pazipi ya kachikwama ndi ulusi wakuda, ndakapachika pakhonde poonekera. Mai Moyo amabwera kudzabwereka pulasitala wotsala uja. Aona nthenga, abwerera pageti. Nditapita kukasamba ndinakasiya pomwepo, ndapeza kali momwemo. Koyamba sabata ino.

Chabwino. Ndine Sekuru.

A Zuze ndawaimbira foni, ndawauza kuti dziko silinapite patsogolo kwenikweni. Aseka, akuti pageti paja ndiziima chakumanzere, pamene pamaoneka msewu wonse.

Bandeji zina ndigula mwezi ukatha. Mawa ndipita ndi zomwe zilipo. Ndimati nditseke zipi, ndapeza kachikwama kakulemera. Mayi a Rudo okha ndi amene nthenga sinawaopse. Aikamo chitenje chawo china, chochapa, chosita, chopinda bwino, ndi mthiko waung'ono uja wa phala. Ndawayang'ana. Iwo maso ali pa mpunga womwe akusankha, ndipo sanakweze mutu.

"Chitenjecho ndichifuna, bambo a Rudo. Mubwere nacho chosang'amba."