Mphindi Khumi za Chete za Fiskani

Inu, tamverani za Fiskani. Munthuyu anangokhalako milungu itatu ku Germany, koma pobwerera ku Glasgow kuno anali atadzikulunga sikafu yakuda, akuti masewero athu a kutchalitchi ndi achibwana. Ati sewero lenileni ndi lija anthu amatuluka osatolapo kanthu. Paja ndadziwa kale adamanga nyumba yopanda khomo.

Ndiye analemba lake. A Goodwill, dalaivala wa basi, bambo wa ana atatu, akhale pampando osavala malaya, adzithire ndowa ya madzi kumutu, kenaka chete mphindi khumi zathunthu. Basi, sewero latha. Anaitananso mayi Lena, wosankha masewero okaonetsedwa mumzinda wina ku Germany. Mayiyo akangogoma nalo, Fiskani ulendo wa ku Germany.

Tsikulo holo ya tchalitchi ku Govan, dera la kuno ku Glasgow, inadzaza. Fiskani anachenjeza: "Chonde, nthawi ya chete ikafika, ngakhale kutsokomola ayi."

A Goodwill anadzithira madzi aja. Januwale wa ku Glasgow, hita yakufa. Munthu anayamba kunjenjemera ndi mpando womwe. Mphindi imodzi. Ziwiri.

"Aiwala mawu, mwana wa eni," ananong'ona mayi Vainess, atcheya a Mvano.

"Pamaso pa mlendo, manyazi ake," anayankha a Nellie, anzawo a mu Mvano.

Amayi athu mukuwadziwa, sangalole munthu ayaluke pagulu iwo ali pomwepo. Mayi Vainess anangoyambitsa kolasi, holo yonse n'kulandira. A Nellie anakwera pasiteji kukawafunditsa a Goodwill chitenje, akazi awo pambuyo ndi tiyi wa m'fulasiki. Fiskani pambali pa katani akukupiza manja ngati wothamangitsa njuchi kuti asiye, amayi n'kumayesa akuwatsogolera nyimbo, ndiye anakwezeratu mawu.

Zitatha, Lena anabwera misozi ili lengelenge. "Sindinaonepo zoterezi. Oonera kukana kuonerera mnzawo akuzunzika. Nzeru imeneyi ndi ya ndani?"

Fiskani anakonza sikafu ija. "Yanga. Zonse ndinakonza dala."

"Bodza, achimwene," anatero mayi Vainess m'Chingerezi chosalala, poti agwira unesi kuno zaka makumi awiri. "Inu munati tisatsokomole n'komwe. Ife timangokubisirani manyazi."

Kalata yoitana ku Germany inafika mu Malichi. Amayi asanu ndi anayi, a Goodwill, ndipo wotsogolera sewero: Vainess. Musamumvere chisoni Fiskani, dzina lake linalipo ndithu, mmunsi mwenimweni. Ndiye wokatunga madzi aja.