Nkhope Yanga Yakulunga Tchipisi ku Old Town

Kwa Bwana Wamkulu Woteteza Zinsinsi za Makasitomala,
Kampani ya Mafoni ya Tilumikizane,
City Centre, Lilongwe.

Bwana Wolemekezeka,

Ndine Bonaventure Zikhale, mphunzitsi wokhala ku Area 15, ngati makompyuta anu akundilolabe kukhala ine. Ndabwera chogwada kudzathokoza.

Choyamba, zikomo pondisungira mafotokope atatu a chitupa changa cha unzika amene munandilamula kusiya polembetsa simu khadi. Imodzi ndinakumana nayo Lachiwiri pachiwaya ku Old Town, itakulunga tchipisi zomwe ndinagula. Nkhope yanga inali phuliphuli ndi mafuta, kunona kumene uphunzitsi sunandipatsepo. A Percy okazinga tchipisiwo akuti mapepalawa amagula pakilo kuseri kwa ofesi yanu. Kusataya kanthu kotereku n'kofunika mendulo.

Chachiwiri, zikomo pondipezera mnzanga wamapasa ndili ndi ndevu kale. Fotokope ina inagwera munthu wakhama. Analembetsa nambala m'dzina langa kwa inu nomwe, n'kutsegula WhatsApp ndi chithunzi changa. Pamwezi umodzi wafunsira akazi anayi. Ine kufunsira mmodzi yekha, Emmie, zinanditengera zaka zitatu. Wachinayiyo ndi mng'ono wake wa Emmie yemweyo, ndipo chinkhoswe changa ndi Emmie chili Loweruka lino.

A Japhet, malume ake a Emmie, mauthenga ofunsira mng'ono wa Emmie aja anawawerenga onse atavala magalasi. Agamula kuti chinkhoswe kulibe pokhapokha ndibweretse kalata yanu yoti nambalayo si yanga.

Chachitatu tsono, zikomo chifukwa cha benchi yanu. Ndinaikhalira maola atatu. Mayi wa pakauntala anandifotokozera mwaulemu kuti makina akuonetsa kuti nambalayo ndi yanga, ndipo makina sanama. Kuti dandaulo langa limveke, ndisiye mafotokope ena atatu a chitupa, kutsogolo ndi kumbuyo komwe.

Pempho langa n'laling'ono, Bwana. Ngati kalatayo singatuluke Loweruka lisanafike, muimbireni Bonaventure wanuyo, poti nambala yake muli nayo, adzakhale pamphasa pamaso pa a Japhet n'kuyankha yekha. Inu mumamudziwa bwino kuposa ine.

Mafotokope atsopanowo ndaika mu envulopu momwemu. Chonde, awa musawagulitsenso ku Old Town. A Japhet amadyera pachiwaya chomwecho.

Ine wanu wogonjera,
Bonaventure Zikhale, woyambayo.