Chipewa cha Bambo wa pa Hatchi

Lolemba

Sukulu atsekera sabata yonse. Ndatenga tchuthi kuntchito kuti ndikhale ndi Tamanda, poti amake akugwira ntchito masana onse kunyumba yosamalira okalamba.

M'chikwama cha mwana muli homuweki. Amake andiwerengera asanatuluke: mwana akaone chiboliboli chimodzi cha m'tawuni yathu ya kudziko la azungu kuno, achijambule, Lolemba likudzali akaime kutsogolo kwa kalasi afotokoze kuti ndi ndani, anachita chiyani.

Mtima wanga myaa! Homuweki zonse za Tamanda ine ndimangoonerera. Masamu, amake. Chingerezi, amake. Sukulu ndinasiyira panjira, mwana akandifunsa sipelo ndimapita kukaona ngati madzi awira. Koma iyi ndi homuweki ya miyendo. Miyendo ndili nayo.

Chondidetsa nkhawa n'chakuti Tamanda ndi wamanyazi. Aphunzitsi akuti mawu ake samveka ngakhale kwa mnzake wokhala naye tebulo limodzi. Akakaima kutsogoloko alibe chonena, ndiye kuti ndamugwetsa ndine. Sizitheka. Tipeza chiboliboli cholemekezeka, cha munthu wa dzina, choyera bwino.

Zofunika:
- majekete a mvula
- masokosi ena, owuma
- foni yotchaja
- buledi wopaka, nthochi
- pensulo, pepala, jumbo yotetezera pepalalo

Ndaimbira alamu, achimwene awo a amake Tamanda, ainjiniya. "Alamu musavutike, pitani pabwalo lalikulu la m'tawuni, ziboliboli zili mbwee ngati tomato pamsika, mukangosankha." Zatheka basi. Pofika Lachitatu tikhala titamaliza.

Lachiwiri

Sitima kuchokera ku Shawlands komwe timakhala, tafika m'tawuni. Bwalo lalikulu atchinga mbali zonse! Ndasuzumira pakampata: matope, makina okumba, amuna a zipewa zolimba. Ziboliboli kulibe.

Ndafunsa mmodzi wa ogwira ntchitowo. Akuti azitenga kukazitsuka ndi kuzikonza, zibweranso. Liti? Wangokweza mapewa.

Ndiye kuti nazonso zili pa tchuthi.

Mvula. Yoyenda chammbali ija, ambulera sathandiza. Tamanda akuti tijambule mpandawo. Ayi mwanawe, mpanda si munthu.

Alamu pa foni: "Aaa, ndinaiwala, ine m'tawuni ndimangodutsa pa galimoto."

Masana tayesa chipilala chachitali chija cha pafupi ndi paki ya kwathu kuno. Pamwamba pake pali mkango. Kuti uwuone uyenera kupinda khosi mpaka mvula kulowa m'mphuno. Ndipo mkango anachita chiyani? Tabwerako.

Masokosi owuma agwira ntchito. Nthochi yaphwanyikira pa pepala.

Lachitatu

Mayi wina wa kutchalitchi wati kudera lotchedwa Gorbals ziboliboli ziliko. Takwera basi.

Zilikodi. Tianyamata ta chitsulo pakona pa msewu, tavala nsapato za gogoda za amayi awo! Ndazungulira kufuna polembedwa mayina, sindinapaone. Ana a ndani? Anagwira ntchito yanji? Tamanda wasangalala, akunyang'ama pambali pawo, akucheza nawo m'Chingerezi chake cha kuno chija ine ndimangomva theka.

Koma akaime pamaso pa aphunzitsi kunena kuti ndinaona ana oseweretsa nsapato za amayi awo? Kwathu ku Malawi chiboliboli amaumbira munthu amene anachita chooneka. Ndakana. Walira pang'ono. Ndalonjeza tchipisi.

Tadzera m'tawuni kufuna tchipisicho, ndipo ndamuona! Bambo wamkulu pa hatchi, kutsogolo kwa chinyumba cha nsanamira zikuluzikulu. Wakhala mowongoka, msilikali weniweni, dzina lozokotedwa pamwala. Ameneyu ndiye wathu.

Vuto limodzi. Ana opanda mwambo amuveka koni kumutu. Koni ya pamsewu, zofiirira zija amaika pokwirira maenje. Anthu akungodutsa, wochotsa palibe. Zamanyazi!

Lachinayi

Tabwerera kukaona ngati achotsa. Ikadalipo. Yapendekekanso ngati chipewa cha woledzera.

Zandilowa mumtima. Chiboliboli n'chimodzimodzi chiliza. Munthuyu anamwalira, ndipo ali ndi abale kwinakwake. Kwathu tisanavundukule chiliza cha malemu bambo anga tinalambula manda onse, kusesa, kutsuka mwala ndi sopo, ndipo pofika pamenepo mwamuna aliyense chipewa m'manja. Kuno womwalirayo ndiye amuveka chipewa, cha pamsewunso! Adzukulu ake atatulukira lero angamve bwanji? Nanga mwana wanga akaonetsa chithunzi chotere m'kalasi, aphunzitsi aziti makolo ake ngotani?

Ndayesa kujambula mobisa koniyo. Ndikatsitsa foni, mutu wadukamo. Ndikaima kumanja, basi yatchinga. Kumbuyo, mchira wa hatchi wokhawokha.

Tamanda: "Adadi, ndi chipewa chake." Ndamuuza asamaseke akuluakulu.

Madzulo ndadutsira kuntchito. Ife otsuka maofesi tili ndi ndodo yotsukira mawindo a pamwamba, yokoka n'kutalika. Akapitawo andibwereka osafunsa zambiri. Kunyumba ndawonjezera kandowa, nsanza, sopo, poti zitosi za nkhunda zili ponseponse pamwalapo.

Amake afika otopa, angofunsa ngati homuweki ikuyenda. Ikuyenda.

Lachisanu

Ndilembe bwinobwino.

M'basi ndodo yagogoda denga, dalaivala wandiyang'ana pagalasi ulendo wonse.

Tafika. Anthu ambirimbiri, mafoni m'mwamba. Ine ndikuti akudikira wina achotse kuti ajambule bwino. Ndavula chipewa changa, ndayamba kutsuka mwala pamene pali dzina. Wondiletsa palibe. Bambo wina wandikwezera chala chachikulu. Ndalimba mtima.

Ndakoka ndodo mpaka mapeto. Ndagunda bondo la bambo wa pa hatchi uja. Ndakweza, ndagunda phewa, pepani bambo. Ndaima ndi zala za kumapazi, go! Koni iyo, pansi phi, kugubuduka mpaka pamsewu.

Ine tcheru kudikira kuwomba m'manja.

"Ooooo!" Gulu lonse pamodzi, ngati wina waphonya penate.

Gogo wina wa chikwama cha mateyala wandifika pafupi, wamfupi wondilekeza pachifuwa, chala m'mwamba. Zonena zake zandidutsa ngati sitima. Womasulira ndi Tamanda, misozi ili lengelenge: "Akuti mwamuvula chipewa mvula ikugwa. Akuti chipewacho wakhala nacho inu musanabadwe. Akuti kodi kunyumba mulibe chochita."

Banja lina lachokera kutali kudzajambulitsa ndi koniyo. Bambo wa banjalo akundionetsa kabuku ka alendo, pachikuto hatchi, munthu, koni. Ndacheuka kushopu ya pafupi. Makapu a tiyi, koni. Malaya, koni. Tizikwama, koni. Maso angawa anali kuti masiku onsewa?

Ndati Tamanda ima apo ndijambule msanga, poti pano akuoneka bwino. Wakana. "Pano wangokhala munthu wamba pa hatchi."

Ndayesa kubwezera. Kuchotsa ndi ndodo n'kosavuta, kuveka ndi nkhani ina. Koni ikukwera, ikugwa. Ikukwera, ikugwa. Gulu lomwe lija layamba kundichemerera, wina akuti kumanzere, wina akuti kumanja, gogo uja akulamula onse. Wapolisi wabwera, wafunsa mwaulemu ngati ndodoyo ndi yanga, wati ndiifupikitse ndisanaswe windo la eni. Akudziluma mlomo kuti asaseke.

Koni ndaitsamiritsa pamwala. Ndapepesa gogo, ndapepesa banja lija, tanyamuka. Mwala ukuwala. Chithunzi palibe.

Loweruka

Sindinanene kanthu kunyumba. Sipanafunike. Wina anajambula kanema, kanemayo wafika pa gulu la pa foni la Amalawi a kuno. Amake aonera kanemayo pa tebulo tikumwa tiyi, tiyi watulukira m'mphuno. "Bambo a Tamanda, munapita ndi sopo? Sopo wanga wa mbale?"

Mauthenga:
- alamu: "Mukanandifunsa." Ndinakufunsani Lolemba!
- akulu a mpingo: mtima unali wabwino, koma ndisabwerezenso
- akapitawo: ndodo ibwere ili yamoyo
- mayi anga kumudzi, wina wawaonetsa: "Wachita bwino mwana wanga, anthu akumenekowo alibe ulemu ndi omwalira."

Mmodzi yekha kumbali yanga, nayenso ali ku Ntcheu.

Masana Tamanda wandikoka kuti tikaone ngati bambo uja akunyowabe. Ndavala chipewa chotsika mpaka m'maso, ndakweza kolala. Tafika. Koni ili pamutu! Inanso pamutu pa hatchi! Anakwera ndani, nthawi yanji, ndi makwerero anji? Ndiyamikire, ntchito yabwino, yakhala mowongoka kuposa poyamba.

Ndajambula. Mwana, hatchi, munthu, makoni onse. Tamanda akuseka mpaka kuonetsa mpata wa dzino loguluka.

Dzina la pamwala, lomwe ndinatsuka ndi manja angawa, sitinalembe. Ndakumbukira tili m'basi.

Lamulungu

Kutchalitchi aliyense akundipatsa moni wa manja awiri. Amayi a kwaya akufunsa ngati hatchi yadzuka bwino.

Titabwerako Tamanda watikhazika pa sofa, ine ndi amake, akuti ndife kalasi. Chithunzi cha pa foni sakuchifuna, wajambula chake ndi makrayoni. Hatchi ngati mbuzi, munthu pamwamba, koni ili m'malere, pansi kamunthu ka ndodo yaitali, pambali kandowa.

Wayamba. Dzina la munthuyo sakulidziwa. Zomwe anachita sakuzidziwa. Akudziwa kuti ndi bambo wa chipewa, kuti tawuni yonse imamukonda chifukwa cha chipewacho, ndi kuti adadi ake anamuvula Lachisanu poti ku Malawi munthu akamwalira mwala wake amautsuka ndi sopo. Akuyeserera gogo uja, chala m'mwamba. Akuyeserera "Ooooo!" wa gulu. Akuyeserera ine ndikupepesa phewa. Mawu akumveka mpaka pamasitepe, aneba a pansi agogoda denga lawo ndi tsache. Tamanda ameneyu!

Ndati mwina tichotseko za adadizo, tifufuze dzina la munthuyo pa foni, tiike zaka zake. Amake andiponda phazi.

Chabwino. Ndimafuna mwana akaime kutsogolo ali ndi chonena. Ali nacho, chambiri. Kungoti chonenacho ndine.

Watsiriza ndi pempho. Aphunzitsi anati wofuna abweretse chinthu choonetsa anzake. Iye akufuna ndodo. Ndi woinyamula.

Ndauza akapitawo kuti ndodo ifika mawa masana. Ndasita yunifolomu ya mwana. Ndasitanso malaya anga.