Ndinapempha Mbale Zosweka

Lolemba, 20 Okutobala 2008

Thabwa lafika. Akamwini anga, bambo a Tadala, alitenga kuntchito kwawo ku Brampton. Ndinati masentimita 60 m'litali, 40 m'lifupi. Ndayeza kawiri: 60 ndi 41. Ndawapempha acheke imodziyo. Andiyang'ana nthawi yaitali, koma acheka.

Lamulungu likubwerali mpingo wathu wa Amalawi kuno kutsidya kwa nyanja, ku Etobicoke, ukukwanitsa zaka khumi. Dzulo ndinaimirira pamaso pa anthu 47 n'kulonjeza kuti ndidzabweretsa mozeiki, chithunzi cha timiyala tating'onoting'ono tomatidwa moyandikana, monga Aroma ankayalira pansi m'nyumba zawo, kenako Akhristu oyambirira m'matchalitchi mwawo.

Ndaphunzitsa masamu zaka 31 ku Zomba, zisanu ndi zinayi mwa izo ndili mphunzitsi wamkulu. Kuno ndakhala zaka zinayi ndipo dzina langa ndi agogo a Tadala, basi. Amandipatsa mpando wapafupi ndi chotenthetsera. Ndikufuna kamodzi kokha aone kuti m'mutu muno mudakali zinthu.

Buku la ku laibulale lonena za zojambula zakale ndaliwerenga lonse ndipo ndalibwereka katatu. Muli chithunzi cha mozeiki ya m'tchalitchi chakale m'mbali mwa nyanja ya Galileya: nsomba ziwiri, dengu pakati. M'dengumo mukuoneka mikate inayi. Inayi! Uthenga Wabwino umati isanu. Yanga idzakhala isanu.

Mwezi watha ndinakwera sitima ya pansi pa nthaka kupita kunyumba yosungira zinthu zakale m'tauni kukaona mozeiki yeniyeni. Ndinawerenga timiyala 190 mzere wakumanzere, mlonda asanandiuze kuti mphuno yanga yayandikira kwambiri.

Dongosolo:
60 kuchulukitsa ndi 40, tizidutswa 2,400, kalikonse sentimita imodzi.
Toyera 1,500, tofiirira 500 ta dengu ndi mikate, totuwa 400 ta nsomba.
Masiku 6, tsiku lililonse 400. Maola 8, ola lililonse 50.
Guluu alipo, hamala ilipo, thaulo lakale lokulungira poswa lilipo.

Miyala ya Aroma kuno sindingaipeze, choncho ndigwiritsa ntchito mbale. Dzulo ndinanena momveka: aliyense amene ali ndi mbale yosweka kapena yong'aluka andibweretsere. Lero ndaswa zomwe tili nazo m'nyumba, kapu yopanda chogwirira ndi sosala yong'aluka. Tizidutswa 63. Mawa mbale ziyamba kubwera.

Lachiwiri, 21 Okutobala

Zayambadi kubwera.

9:10, belu. Amayi busa, atanyamula mbale yoyera ya mkombero wagolide. Yathunthu. Pamwamba mpunga ndi nkhuku, ntchafu ziwiri.

"Agogo, ife tingakupatseni chosweka ngati tikupatsa galu? Landirani iyi, mudye."

Ndafotokoza za Aroma. Agwedeza mutu mwachifundo n'kundigwira dzanja. "Tamva, agogo, tamva. Musachite manyazi, kuno tonse timadutsa m'zimenezi."

M'zimenezi ziti?

Pofika 4 koloko ndamvetsa. Dzulo amayi busa anaimbira foni azimayi onse. Akuti munthu wamkulu akafika popempha ngakhale mbale zosweka pamaso pa mpingo, ndiye kuti kunyumba zinthu sizili bwino, kungoti sangatchule njala poyera.

Zomwe zalowa:
mpunga ndi nkhuku, 1
nyemba, 2
futali, 1
mandasi 15, mbale 1
usipa wochokera kumudzi, umene wina anaubisa m'sutikesi kudutsa mabwalo a ndege atatu, 1

Mbale 6. Zosweka 0. Ndazitembenuza zonse: iliyonse ili ndi kapepala komata kunsi, dzina la mwini wake litalembedwa. Ndiye kuti zikubwerera. Ndipo mbale yobwera ndi chakudya sungaibweze yopanda kanthu. Mayi anga akanadzuka m'manda. Hamala ndayibweza m'dilowa.

Tizidutswa ta lero 0. Ndimayenera kukhala pa 800, ndili pa 63.

Lachitatu, 22 Okutobala

Dongosolo latsopano: 584 ndi kota patsiku. Koma choyamba mbale za eni ake.

Zitumbuwa 72, mbale iliyonse 12. Nthochi za kuno n'zazikulu koma zilibe fungo. Kukazinga kwatenga maola awiri ndi theka, chipangizo chochenjeza za utsi chalira kawiri.

Mabasi 5, masiteji 58, mphepo yolowa m'mafupa. Pakhomo paliponse ndakhala pansi, ndalonjeredwa, ndafunsidwa za bondo, ndamwa tiyi. Makapu 6 a tiyi! Paliponse ndatsegula buku, ndaonetsa nsomba ndi dengu. Mayi Chirwa, msungichuma wa azimayi, ayang'ana chithunzicho kwa kanthawi, n'kupumira m'mwamba.

"Mpaka kumayenda ndi zithunzi za chakudya, agogo? Ayi, zafika posauzana."

Pasiteji ina ndatola chidutswa cha thailo lotuwa. Dalaivala wa basi wandiona ndikuchiika m'chikwama. Tizidutswa 22, pamodzi 85. Diso la nsomba ndi chibwano zaoneka.

Pofika kunyumba, pakhonde pali mbale zina 5.

Mwana wanga Thoko wabwera kuchokera kuchipatala komwe amagwira ntchito, sanavule ndi nsapato zomwe. "Amayi, seriously? Anthu atatu andifonera ndili pa shifiti kuti bwanji ndikukumanani chakudya! Wina akuti andilipota kwa abusa. Furiji iyi simukuiona?"

Ndikuiona. Sikutsekeka.

Ndamuuza kuti Aroma akafuna timiyala ankapita kwa osema miyala kukatola zotsala, ndipo palibe amene ankawapempherera. Wati Aroma analibe amayi busa.

Lachinayi, 23 Okutobala

Kulakwitsa kwa dzulo ndakuona lero. Zitumbuwa zija ndinavundikira ndi mabakuli athu 4 kuti zisazizire. Ndinawasiya komweko. Lero abwerera onse anayi, odzaza. Mbale ya mkombero wagolide yabweranso nawo limodzi, ulendo wachiwiri, tsopano ndi chiwindi.

Ndikabweza 6, zikulowa 10. Ndayesa kulemba izi ngati samu kuti ndione pomwe zidzathere. Sizitha.

Banja la ku Chipata limene timapemphera nalo latumiza 2. "Mwauka bwanji amama, tamvela kuti vinthu vavuta."

11:30, Thoko kulibe. Ndatenga imodzi mwa mbale zake zopepuka, ndaikulunga m'thaulo, ndamenya. Kanayi osasweka. Kachisanu yaphulika ngati bomba, n'kusanduka singano zokhazokha. Kusesa mphindi 40. Mabala 3 pa zala. Tizidutswa togwiritsika ntchito 9. Mbale za Thoko zinali 12, ndazisanja motalikirana kuti zioneke zambiri.

Masana kwabwera Abiti Saidi, oyandikana nafe, a ku Mangochi. Iwo ndi Asilamu, kutchalitchi kwathu sanapondeko, koma nkhani yawapeza kusitolo ya nyama. Abweretsa mbale ya samusa 24. Mwa anthu onse, ndi iwo okha amene ayang'ana thabwa langa n'kumvetsa. Akuti anaonapo zotere m'zithunzi za mizikiti, makoma onse timatailosi.

"Aa, ndiye mumafunadi zosweka? Mukadanena! Ndinali ndi katoni yonse, tinaswa posamuka. Yapita ndi galimoto ya zinyalala Lachiwiri."

Lachiwiri. Nthawi imene ine ndinkalandira nyemba.

Akamwini, pofuna mtendere, afukula m'chipinda chapansi matailosi 3 otsala pomwe ankakonza bafa. Apinki. Nsomba ya ku Galileya yapinki! Ndaswa, ndamata. Tizidutswa 140. Zonse pamodzi 234.

Mbale za eni ake m'nyumba muno: 9.

Lachisanu, 24 Okutobala

Kuti ndimalize ndikufunika 1,083 lero, 1,083 mawa. Ndine mphunzitsi wa masamu, sindidzinamiza.

Njira ina ilipo. Mutu wachisanu ndi chinayi wa buku ukunena za fresiko. Akhristu a ku Roma, m'manda awo a pansi pa nthaka, ankajambula nsomba ndi mikate pakhoma pulasitala adakali wonyowa. Utoto umalowa m'kati, ukauma sufufutika. Lamulo ndi limodzi: umalize asanaume. Sizikusiyana kwenikweni ndi kuzira nyumba, ndipo kuzira ndinkakudziwa ndili mtsikana.

Iwo ankagwiritsa ntchito laimu, wochedwa kuuma. Ine ndili ndi pulasitala wokonzera ming'alu amene akamwini anasiya m'galaja. Pathumba alemba kuti amauma m'mphindi 30. Ndagawa: kupaka 4, dengu 6, mikate 10, nsomba iliyonse 5.

10:00, ndatembenuza thabwa, ndapaka kumbuyo kwake. Kwasalala bwino. 10:06, mkombero wa dengu waoneka. Mtima uli m'malo koyamba sabata ino.

10:07, belu.

Azimayi atatu ochokera ku Brampton, atavala zoyera, aliyense mbale ziwiri. Abwera ndi mabasi awiri kudzandipempherera. Munthu wotere ungamuuze kuti dikirani panja, pulasitala akuuma? Ndazika burashi pathabwa kuti isagwe, ndatsegula.

Malonje: aliyense payekha, ine, Thoko, akamwini, Tadala, bondo, a kumudzi. Mphindi 14. Nyimbo ziwiri, mavesi onse. Pemphero mphindi 52, mmodzi akamaliza wina n'kulandira. Apempha kuti Mulungu afewetse mtima wa Thoko. Ine maso otsinzina, ndikumva pulasitala akuuma m'chipinda chinacho. Ameni ndanena mokweza kawiri pamalo olakwika.

Atapita ndakaona. Mwala. Burashi yaima chilili pakati pa dengu, siikuzuka. Thabwa tsopano silingagone pansi, silingakolekedwe pakhoma.

Madzulo zalowa zina 4. Mbale za eni ake 19. Tizidutswa ta lero 0.

Loweruka, 25 Okutobala

Thoko wagamula. Wavala epuloni 7 koloko m'mawa.

"Amayi, mawa mbale zonsezi tikukazibweza kutchalitchi, pamaso pa aliyense, zodzaza mpaka kusefukira. Aone okha ngati m'nyumba muno muli njala. Chinsomba chanucho chidikire."

Sindinatsutse. Dzina limene laipa ndi lake, ndipo ndaliipitsa ndine.

Zomwe taphika:
zitumbuwa 120
zigumu 6
masikono 48
nkhuku 5, zowotcha
mpunga wa nazi, miphika 2
kachumbali, beseni

Akamwini apita kusitolo kanayi. Mbale ya Abiti Saidi ndabweza padera, ndi masikono 10 opanda mafuta okayikitsa. Zatsala 18.

2:15, ndikutsuka, manja ali ndi sopo. Mbale yapulumuka m'manja. Phwaa! Ya amayi busa, ya mkombero wagolide.

Ndaimirira n'kuiyang'ana. Zidutswa 14, zoyera bwino, zosweka mowongoka, zenizeni zimene ndakhala ndikupempha kuyambira Lamulungu. Zikanandipatsa tizidutswa 300 kapena kuposerapo. Mulungu andikhululukire, ndafika mpaka potsegula dilowa ya hamala. Kenako ndaona kapepala ka dzina katamatirira pachidutswa chachikulu.

Ndakhala pansi ndi guluu. Ola limodzi ndi mphindi 50. Zonse 14 zabwerera m'malo mwake, mkombero wakumana ndendende. Mozeiki yokhayo imene ndamaliza sabata ino.

Lamulungu, 26 Okutobala

Thabwa ndalikulunga m'chitenje, burashi ikutulukira kumbuyo. Tizidutswa 234 mwa 2,400, ndiye kuti 9.75 peresenti. Nsomba imodzi, kuchokera kumutu kufika pakati pa mimba, chibwano chotuwa, thupi lapinki. Dengu palibe. Mikate 0.

Ndinalonjeza kuti ndibweretsa, ndiye ndabweretsa. Aliimika pampando kumbuyo, pafupi ndi pokoleka majekete.

Amene aima n'kuliyang'ana: 5. Awiri amafuna majekete awo. Bambo wina wafunsa ngati ndi mapu a Malawi, wati kumwera ndakulakwitsa.

Abusa andipatsa mpata woti ndinene mawu. Ndayamba za tchalitchi cha ku Galileya. Ndili pachiganizo chachitatu, Thoko ndi akamwini alowa ndi mbale, fungo la nkhuku ladzaza holo, makosi onse atembenuka. Ndakhala pansi.

Chakudya chatha m'mphindi 18. Thoko waima pambali pa tebulo atapinda manja, akuyang'ana azimayi mmodzimmodzi. Mayi Chirwa apita kukamupepesa, chitumbuwa chili m'kamwa. Amayi busa ndawaululira za mbale yawo. Aiyang'ana kudzuwa, ati mng'alu sakuuona, andikumbatira.

Pomaliza abusa aimirira. "Abale, zaka zinayi takhala ndi luso pakati pathu osalidziwa!" Mtima wanga wagunda, ndayang'ana kumbuyo kumajekete. "Zitumbuwa zotere sindinadyepo chichokere kumudzi. Amene akuvomereza kuti agogo a Tadala atsogolere komiti ya zophika ya Khirisimasi akweze dzanja."

Manja 53. Anthu analipo 52, Mayi Chirwa anakweza awiri.

Ndaimirira, ndawerama, ndathokoza. Ndikanatani?

Thabwa lili m'chipinda chapansi, kuseri kwa makina ochapira. Buku ndibweza Lachiwiri. Pa Khirisimasi akuti kudzabwera anthu 120. Aliyense zitumbuwa zitatu, ndiye 360, kuwonjezera 40 za amene amaika m'zikwama. Nthochi imodzi zitumbuwa zitatu, ndiye nthochi 134. Miyendo ikuwawa yonse iwiri.