Momwe Aayirishi Anandiluzitsira Puloti ku Wovwe

Mukadzamva munthu akunena kuti sukulu siipweteka, mudzamutumize kwa ine. Ndili ndi digiri yachiwiri ya mbiri yakale, yopachika bwinobwino pabalaza, ndipo ndi yomweyo imene inandiluzitsa puloti ya mpunga masanasana anthu akuona.

Ndine mphunzitsi, kwathu ndi ku Dowa, koma boma linanditumiza kuno ku Karonga. Kafukufuku wa digiri ija ndinachita wa anthu a ku Ireland amene anasamukira ku Britain kalekale. Zaka zitatu ndinkadya Aayirishi, kugona Aayirishi (anthu amene mpaka lero sindinaonepo ndi mmodzi yemwe). Vuto linali loti nditamaliza panalibe womuuza. Pasilabasi palibe. Ana asukulu ndikangotchula Liverpool amafunsa za mpira. Mayi akunyumba ndikangoyamba, amakumbukira kuti asiya madzi pamoto.

Ndiye ku sikimu ya mpunga ku Wovwe kunapezeka puloti, mwini wake atasamukira ku Mzuzu. Ofuna tinali awiri, tonse obwera: ine ndi namwino wina wa ku Mulanje. Komiti ya alimi inati tikaonekere kuti atimve. Mayi akunyumba sanadikire n'komwe. Anafesa nazale kuseri kwa nyumba, n'kuimbira abale onse ku Dowa kuti chaka chino kilombero azingodzatenga.

Mnzanga wa kusukulu, a Gondwe, ndi mbadwa ya komweko, ndipo anandilangiza tili m'njira, akunditchula m'Chitumbuka kuti asambizgi, kutanthauza aphunzitsi.

"Asambizgi, kumeneko mukapereke moni, munene kuti mukupempha kamunda, mukhale pansi. Basi. Anthu aja amachita mantha ndi obwera."

Mawu akuti obwera atangondilowa m'khutu, ndinaima pomwepo. Obwera! Ndani m'boma lonse la Karonga amawadziwa obwera kuposa ine? Ndinauza a Gondwe kuti ndaiwala foni, ndinathamangira kunyumba, n'kubwera ndi buku la kafukufuku wanga m'khwapa.

Msonkhano unali pafupi ndi shedi. Namwino uja anayamba. Ananjuta, anapereka moni m'Chitumbuka kuti monire mose, anati ali ndi ana anayi ndipo ngalande azikonza nawo limodzi Loweruka lililonse. Anakhala pansi. Mumtima ndinamumvera chisoni kuti wabwera osakonzeka.

Ine ndinaimirira, ndinakonza tayi. Ndinati mantha awo si achilendo, ngakhale Angerezi anali nawo. Ndinafotokoza za njala imene inagwa ku Ireland mbatatesi zitawola m'minda, anthu n'kuwoloka nyanja ndi kamtolo kokha. Ndinati ku Britain ankawanyoza, kuwakaniza nyumba za lendi, kuwanena kuti ndi aphokoso, koma ndi omwewo ankakolola m'minda, kukumba ngalande ndi kuyala njanji. Apa anthu ankagwedeza mitu, mayi wina mpaka anamva chisoni n'kunena kuti, "Chitima chomene." Pamenepo ndi pamene munthu wanzeru akanakhala pansi.

Koma wapampando, a Msiska, anasendeza mpando wawo.

"Pitirizani, asambizgi. Ngalande zitatha, anabwerera kwawo?"

Abale, kwa nthawi yoyamba m'moyo wanga munthu anandifunsa funso la Aayirishi mwa kufuna kwake. Misozi inalengeza.

"Kubwerera? Ayi, dada! Anaitana abale awo. Mmodzi akapeza malo, chaka chamawa pali msuweni, mlamu, mudzi wonse."

"Ehe. Ndiyeno?"

"Ndiyeno anachuluka. Anamanga matchalitchi awo, sukulu zawo. Andale omwe ankawatukwana aja anayamba kuwagwadira, chifukwa mavoti awo ankaponya pamodzi."

Ndinamva wina akundikoka buluku kumbuyo. Anali a Gondwe. Ndinaganiza kuti akundiuza kuti ndikweze mawu, ndiye ndinakweza.

Mlembi wa komiti, mayi NyaChirwa, anaika cholembera pansi.

"Nanga mipando, dada? Nayonso anatenga?"

"Anatenga, mama!" ndinatero monyadira ngati ndi ana anga. "Makhansala, atsogoleri a mabungwe a ogwira ntchito, ena mpaka ku nyumba ya malamulo. Anayamba ndi fosholo, anamaliza ndi mpando!"

Ndinayembekeza kuwomba m'manja. Palibe anawomba. A Msiska anayang'ana mpando umene anakhalapo, kenako anayang'ana ine. Kenaka komiti yonse inatembenukira ku Chitumbuka, mothamanga. Ine katswiri wa obwera, zaka zisanu ndi chimodzi kuno, Chitumbuka ndimadziwa moni ndi mawu okanira akuti yayi basi. Tsiku limenelo yayi ndinamumva kangapo.

A Msiska anabwerera ku Chichewa mwaulemu wonse.

"Asambizgi, yewo chomene. Mwatiphunzitsa zinthu zimene sitimadziwa. Ife timaganiza kuti mukufuna kamunda chabe. Puloti tapereka kwa anesi."

Pobwerera ine ndi a Gondwe tinafika pamsewu waukulu. Pamenepo anangofunsa kuti, "Kodi ku Dowa muli ndi asuweni angati?" Ndinayamba kuwerenga pa zala, ndipo ndili pa wachisanu ndi chiwiri m'pamene ndinazindikira chimene ndachita. Manyazi anandigwira.

Kunyumba nkhani inali itafika kale. Mayi akunyumba sanakalipe, zomwe zinandiopsa kwambiri. M'mawa mwake anazula mbande zonse, anaziika m'beseni, n'kundisenzetsa kuti ndikapereke ndekha kwa namwino. Ndinadutsa sikimu yonse madzi amatope akutsikira m'khosi, alimi akundipatsa moni kuti, "Monire, a khansala!" Ndipo ntchito yoimbira abale ku Dowa kuti kilombero kulibe inagwera ine, mmodzimmodzi.

Ndavomereza kuti ndinalakwa. Ndinaiwala kuwauza kuti zonsezo Aayirishi zinawatengera mibadwo ingapo, choncho a Msiska mpando wawo sunali pangozi iliyonse. Panopa ndikulembera komiti kalata yachidule yofotokoza mfundo imeneyi, kuti puloti ina ikadzapezeka adzandiganizire. Ndili pa tsamba lakhumi ndi chinayi, ndipo Aayirishi angotsika kumene m'sitima.